Malo Anu M'nyimbo Yomaliza

Amayi, kaya mukugona bwanji kumeneko?

Ndikudziwa kuti mukanakhala pano mukanandiyang'ana ndi diso lija la pamwamba pa magalasi n'kunena kuti, "Edina, akufa ali mtulo, sadziwa kanthu, usamawononge mapepala." Munatiphunzitsa zimenezo tili ana ndipo sindikutsutsa ayi. Koma inu nomwe munkacheza ndi nkhuku zanu tsiku lonse, ndipo ine sindinamvepo ngakhale imodzi ikukuyankhani. Ndiye ndiloleni nanenso ndilankhule, inu pitirizani kugona.

Kuno tilipo. Dzinja lino ndi lachiwiri chichokereni inu. Nkhani yaikulu ndi yakuti alamu anga, akazi a achimwene a Feston, anachira bwinobwino, ndipo kwabwera kamtsikana, dzina lake Tadala. Mphuno ndi ya kwa amake, koma makutu ndi anu enieni, oyang'ana kunja ngati akufuna kumva za eni. Akalira amayamba pansipansi kenako n'kumakweza, monga munkayambitsira nyimbo kukwaya. Achimwene akuti adzakhala namwino. Ine ndangoti tiyeni tiyambe tamera mano.

Kumunda kwathu ku Changata chimanga sichinachite bwino, mvula inadula chikungoyamba kumasula. Nandolo ndiye watipulumutsa. Kalongonda wanu uja anabereka kwambiri chaka choyamba, koma palibe amene ali ndi mtima wanu womuphika tsiku lonse n'kumataya madzi. Alamu anayesa kamodzi, anafulumira kuphula, tonse tinagona mitu ikuzungulira. Kuyambira pamenepo kalongonda timangomuyang'ana pamtengo n'kumupatsa moni.

Nyumba yathu ya kukomboni esiteti ya tiyi ija inatenga, monga mwa lamulo lawo. M'nyumbamo mukukhala bambo wina woyendetsa thirakitala, kwawo ku Ntcheu, ndi banja lake. Ndi anthu abwino. Gwafa wanu sanamudule. Chitseko chokha anachipaka penti wobiriwira, ndipo mpiringidzo uja anachotsa n'kuika loko wa kusitolo. Ndinadutsapo tsiku lina ndikupita kwa achimwene, ndinaima pang'ono pamsewu, mayi wa m'nyumbamo n'kundifunsa ngati ndasochera. Ndinati ayi, ndikungopuma.

Tsono pali nkhani imene ndalembera kalatayi, ndipo yakhala ikundilemera.

Mukukumbukira gitala yanga ija munkaitchula kuti "kabokosi ka Edina"? Munkati mtsikana wolongosoka amaimba ndi pakamwa pamene Mulungu anamupatsa, osati kumakanda mawaya. Komabe ndinkakuonani, ndikamaimba pakhonde inu munkasiya kupeta. Ndi kabokosi komweko ndajambula chimbale, Amayi. Musachite mantha, si nyimbo zovina, palibe ng'oma ngakhale imodzi. Ndi gitala, mawu anga, ndi phokoso la kwathu. Ndi nyimbo zomvera munthu uli wekha, anthu onse atagona. Zonse zikufotokoza usiku umodzi wa dzinja pa esiteti, kuyambira madzulo pamene anthu akupimitsa masamba pasikelo mpaka m'bandakucha. Ndinachitcha kuti Masamba Akufota.

Wandithandiza ndi a Mhango, aphunzitsi anzanga kuno ku Thekerani, kwawo ndi ku Rumphi. Ali ndi laputopu ndi maikolofoni, ndipo ali ndi makutu ovuta kwambiri. Tinkajambulira m'kalasi mwanga, titadikira kuti chigayo cha pamsika chizime ndi agalu atope. Nthawi zina mvula inkayamba pamalata tili pakati pa nyimbo. Poyamba a Mhango ankaimitsa, kenako anati, "Isiyeni, ikuimba bwino kuposa ife."

Tsiku lina tinakwera njinga yamoto mpaka kumpanda wa fakitale kukajambula mafani aja ofotetsa masamba. Mlonda anatiunika ndi tochi n'kufunsa kuti, "Mukujambula chiyani? Kuno kulibe akuimba." Nditamuuza kuti tikufuna kulira kwa mafaniwo, anatiyang'ana nthawi yaitali n'kuti, "Ambuye akuthandizeni, aphunzitsi." Koma anazimitsa wailesi yake mpaka tinamaliza. Anthu ena amati mafani amenewo amasokosa. Kwa ine ndi achimwene, kulira kwake kunali kutiuza kuti Amayi ali kuntchito, akutembenuza masamba, ndipo akadali bwino.

Pali nyimbo ya dengu lolemera, pali ya nkhungu imene imabisa njira ya m'mabulugama, pali ina ya mayi amene anathyola tiyi ndi kumufotetsa moyo wake wonse osamwako ngakhale kapu imodzi chifukwa mpingo sulola. Imeneyo simukusowa kufunsa kuti ndi ya ndani. Pali ina ya ana awiri ogona okha m'nyumba ya kukomboni, atate awo atapita ku Joni osabwerako. Koma yomaliza ndi imene yandisowetsa mtendere.

Mukamapita ku naiti munkatiuza kuti, "Wina akagogoda musatsegule. Wakuba amagogoda, mayi wanu amaimba." Ndipo m'bandakucha, mafani akazima, tinkamva mapazi anu pamatope, kenako mawu anu pakhomo: "Tsegulani, ana anga, mame andinyowetsa." Lamulo linali lakuti wina ayankhe kaye asanachotse mpiringidzo. Woyankha anali achimwene nthawi zonse, chifukwa ine tulo ndinali nato ngati matenda. Ndinkangomva chapatali mawu awo aang'ono akuti, "Lowani, lowani, moto sunazime." Kenako fungo la masamba aawisi linkalowa m'nyumba limodzi ndi inu, ndipo munkandigwira phazi ndi dzanja lozizira kuti muone ngati ndilipo.

Mawu anu oimba nyimboyi ndili nawo, Amayi. Mwina munaiwala. Ndili kukoleji ya uphunzitsi ndinadwala malungo, ndipo munabwereka foni ya amake Lusi, oyandikana nafe aja, kuti munditumizire uthenga wa mawu. Simunadziwe chonena. Mukumveka mukufunsa kuti, "Yayamba?" kenako mukuseka, kenako mukuimba mzere wanu uja kamodzi kokha. Ndi malo okhawo padziko lapansi pamene mawu anu anatsala. Ndinaganiza kuti chimbale chithere pamenepo: mafani azime, mapazi amveke, inu muimbe pakhomo. A Mhango atalumikiza zonse anavula magalasi n'kutuluka panja.

Ndinapita nazo kwa achimwene ndili wosangalala. Mukudziwa kuti tsopano ndi kalaliki wa kusikelo, ndiponso anawasankha kukhala mkulu wa mpingo. Nthawi imeneyo alamu anali atatopa kale, mwezi wawo uli pafupi. Ndinaika foni patebulo n'kutsegula nyimbo yomaliza yokhayo. Mawu anu atangoyamba, achimwene anatambasula dzanja n'kuitseka.

"Chotsa zimenezi, Edina."

Ndinafunsa chifukwa.

"Amayi akugona. Iwe ukufuna uwadzutse kuti aziimba m'maminibasi ndi m'mabala? Munthu akumwa mowa, Amayi akuimba pambali pake? Unawapempha?"

Ndinati nyimbo zanga si za m'mabala, ndipo palibe woledzera angazipirire. Iwo anati foni ilibe mpanda, ikatuluka yatuluka. Anati mawu anu akatuluka pachimbalecho, ndisadzabwerenso kunyumba kwawo kudzalandira Sabata. Alamu anayesa kutiletsa, anati, "Abambo a kunyumba, alamu, khalani pansi kaye," koma tonse tinali titaima kale.

Apa ndi pamene ndinalankhula mawu amene ndikanakonda akanandikanirira pakhosi. Ndinati, "Amayi ndi anganso. Inu munkangotsegula chitseko. Amene ndinawasambitsa akudwala ndine." Achimwene anatola Baibulo lawo pampando n'kulowa kuchipinda. Munkatiuza kuti madzi akatayika saoleka, ndipo ndinawamva akutayika tsiku limenelo. Ndinabwerera ku Thekerani ndikudziuza kuti ndapambana.

Mukudziwa mitu ya ana anu, yonse munaiumba ndi dothi limodzi. Iwo sanandiimbire foni, ine sindinawaimbire. Tadala anabadwa ine kulibe. Ndinamva kwa amake Lusi, ngati munthu wadera. Tsiku lomudalitsa kutchalitchi alamu ananditumizira uthenga mobisa kuti ndibwere, ine ndinasita diresi, ndinavala nsapato, kenako ndinakhala pabedi mpaka dzuwa linapendeka. Mwana woyamba m'banja mwathu chichokereni inu, anamunyamula kutsogolo popanda agogo ake ndiponso popanda azakhali ake. Inu munali ndi chifukwa chomveka. Chimenechi chimandipweteka mpaka lero, ndipo sichingabwererenso.

Ndinkadziuza kuti achimwene akungoopa anthu a kumpingo, kuti udindo wawakwera kumutu. Ndinkati ngati akufa sadziwa kanthu, ndiye mawu awo akaimba pawailesi chawavuta n'chiyani? Ndinakonza mayankho ambiri abwino, ndinkawanena ndekha ndikutsuka mbale. Chimbale chinali chitatha, chongodikira kuti ndivomere a Mhango achitulutse. Koma tsiku lililonse ndinkapeza chonamizira.

Usiku wina a Mhango anabwereka masipika aakulu a pasukulu kuti timve chonse komaliza. Iwo anapita kukatenga jekete kunyumba kwawo, ine ndinatsala ndekha m'kalasi. Kunja kunali chiperoni. Ndinagoneka mutu padesiki, ndipo ndikuganiza kuti tulo tinandiba pang'ono, paja mukundidziwa. Mafani anazima. Mapazi anamveka pamatope. Kenako inu munaimba kuti titsegule.

Amayi, sindinaganize chilichonse. Ndinangozindikira ndili pakhomo la kalasi, chitseko ndatsegula, mphepo ikundiomba kumaso. Panalibe munthu. Panali bwalo la sukulu ndi nkhungu basi. Ndinaima pamenepo ngati chitsiru, dzanja lili pachitseko, ndipo ndinalira kuposa mmene ndinalirira pamaliro anu. Ine amene sindinkadzuka kukutsegulirani muli moyo, ndinadzuka tsiku limenelo.

A Mhango atabwera ndinawauza kuti achotse mawu anu. Anati, "Madamu, apa ndiye pali mtima wa chimbale chonse. Mukachotsa apa, chatsala n'chiyani?" Sankanama. Mpaka pano ndikudziwa kuti chinali chokoma kwambiri muli momo. Koma ndinati achotse, ndipo asatseke mpatawo. Mafani azime, mapazi afike pakhomo, kenako pakhale chete kwa nthawi yonse imene inu mukanaimba. Anapukusa mutu koma anachita.

Sikuti ndinachotsa chifukwa chakuti achimwene anandigonjetsa pa za malemba ayi. Ndinangoona kuti nyimbo imeneyo simunkaimbira anthu kuti amve kukoma. Munkaimba kuti wina akutsegulireni. Ndikanaitulutsa, mukanakhala mukuima pamakomo a anthu osakudziwani, usiku ndi usiku, mukupempha kulowa, popanda woyankha. Zimenezo sindikanazipirira.

Ndinapita kwa achimwene Loweruka madzulo, Sabata itangotuluka. Alamu anandilandira ngati ndinachoka dzulo, anandipatsa mpando, anandipatsa madzi. Achimwene anali pakhonde atanyamula mwana. Anandipatsa moni wa alendo, wa "muli bwanji, aphunzitsi," ine n'kuyankha chimodzimodzi. Ndinati ndabwera ndi chimbale, ndikupempha amve chonse kuyambira poyamba. Anati, "Ndinakuuza kale maganizo anga." Ndinati ndikudziwa, angomva. Sanavomere, koma sanachoke.

Tinakhala pamenepo mdima ukugwa. Pa nyimbo ya dengu anangoti gitala ikumveka bwino. Pa ya mayi wosamwa tiyi anaseka pang'ono m'mphuno. Pa ya ana awiri ogona okha anayamba kumusisita Tadala pamsana ngakhale mwanayo sankalira. Itafika yomaliza ndinaona nsagwada zawo zikulimba, anali atakonzeka kuitseka. Mafani anazima. Mapazi anabwera mpaka pakhomo. Kenako panali zii.

Anadikira, ndipo ndinkaona milomo yawo ikutsatira mzere wanu mumtima. Utangotha, pa nthawi yake yeniyeni, achimwene anayankha. Bambo wamkulu uja, mkulu wa mpingo, anaimba pansipansi kuti, "Lowani, lowani, moto sunazime." Mawu anawathera pakati. Alamu analowa m'nyumba mwakachetechete.

Kenako achimwene anati, "Edina, za m'mabala zija ndinkangonena. Ine ndinkadzuka mafani asanazime, kuopa kuti angaimbe ine osamva, n'kumaima panja akuzizidwa. Zaka zonse zija sindinawachedwetsepo. Ndiye iwe unabwera nawo pafoni akuitana, ine ndilibe chitseko choti nditsegule."

Ndinapepesa pa mawu anga aja. Anati anawamva ndipo sadzawaiwala, koma chibale ndi fupa, sichiola. Kenako anandipatsa mwana n'kuti, "Mgwire bwino khosi, wachedwa kale kumudziwa." Sindikunamizani kuti zonse zabwerera mwakale. Pali kamalo kena pakati pathu kamene timakalambalala tikamacheza. Koma Lachisanu lapitali ndinalandira nawo Sabata, ndipo tinaimba atatu, malo a alto yanu ali osatseka.

Chimbale chinatuluka. Sichinagwedeze dziko, musadere nkhawa kuti mwana wanu watchuka. Amachimvera ndi anthu ochepa, anamwino a naiti, alonda, madalaivala a mathiraki, ndi ena osowa tulo. Ambiri amandifunsa ngati nyimbo yomaliza inaonongeka pojambula. Wina wa pawailesi anaiika pa pulogalamu ya usiku, koma atafika pachete paja anaganiza kuti makina afa, n'kuyamba kulankhula. Sindinakwiye. Sangadziwe kuti pamenepo ndi panu.

Chimene ndimadandaula nacho n'chakuti simunamve ngakhale nyimbo imodzi. Ndinayamba kuzipeka inu mutagona kale m'chipatala, ndipo ndinkati ndidzakuimbirani mukatuluka, zitapsa bwino. Chakudza sichiimba ng'oma. Mwina mukanati ndikuwononga nthawi, mwina mukanasiya kupeta. Ndikanakonda kudziwa kuti mukanachita chiti.

Mawu anu ali mufoni mwanga, ndipo a Mhango anandisungiranso pena kuti foni ikatayika asatayike nayo. Sindiwatsegula kawirikawiri. Tadala akadzakula ndidzamumvetsa kamodzi, atate ake akadzalola, kuti adziwe kumene makutu ake anachokera. Nyimboyo ndiye ndayamba kale kumuimbira, ngakhale panopa amangondiyang'ana n'kumeza malovu.

Munkakhulupirira ndi mtima wonse kuti kudzacha m'mawa wina pamene ogona onse adzadzuka. Ine chikhulupiriro changa chimatsimphina, mukudziwa, koma pa chimenechi ndagwiritsa. Tsono tamvani lonjezo langa. Tsiku limenelo musadzagogode. Mudzaimbe monga kale, achimwene adzayankha, paja ntchito imeneyo ndi yawo ndipo sindidzawalandanso. Koma mpiringidzo ndidzachotsa ndine. Ulendo uno simudzandipeza ndili mtulo.

Gonani bwino, Amayi. Ndimakukondani, ndipo ndakusowani.

Ndine mwana wanu wa tulo uja,
Edina